Chikhothi cha Kuseri kwa Chitseko

Lolemba, 3 Juni

Alendo a pamaliro atha. Wotsiriza anali mlamu wanga, wanyamuka m'mawa uno atanditsukira mapoto oyera kale ndi kundichapira chilichonse chimene anachipeza chosakhomerera. Nyumba yangoti zii. Ndayesa kuwerenga koma maso akungozungulira mzere umodzi ngati nyerere yosochera. Munthu wokalambira mu laibulale, lero buku likundikana.

Zovala za abambo ake, malemu amuna anga, zapita ndi abale. Nsapato, malaya, ngakhale chipewa chija ankadana nacho. Chatsala ndi chikhothi, pa msomali wake kuseri kwa chitseko cha pabalaza. Mlamu anachikhudza dzulo, ine ndinangomuyang'ana, dzanja analibweza yekha.

Chikulendewera chopendekera kumanzere monga mwa masiku onse, mbali imene ankaikako buku lowerenga pa nthawi yopuma. Ndipo fungo lawo lilimo. Inki, mafuta a makina, ndi timaswiti ta chifuwa tija. Ntchito yosindikiza nyuzipepala anaisiya kalekale koma inki sinawasiye. Ndikamadutsa ndimaika mphuno pa kolala. Palibe wondiona, ndiye palibe manyazi.

Lachiwiri, 4 Juni

Bwana Kanema anatulukira masana. Mwana wanga mmodzi yekhayo, koma ndimamutchula choncho mumtima chifukwa masiku ano akalowa m'nyumba amayamba wayang'ana mawindo, kuona kumene kuwala kukuchokera, kenako ndiye amakumbuka kuti muli mayi ake. Pamaliro sanagwetse msozi ndi umodzi womwe. Nthawi zonse anali kuseri kwa nyumba, foni kukhutu, kukambirana za magetsi ndi anthu ake.

Ndinamuikira tiyi. Anamwa chiimire. Kenako nkhani inatuluka: filimu yake yatsopano ayamba kujambula mlungu wamawa, ndi ya zinthu zimene ana amaopa, ndipo chilombo chake chachikulu ndi chikhothi choyenda chokha. Akufuna cha bambo ake.

Ndinamufunsa ngati mashopu a zovala atsekedwa onse m'tauni muno.

"Sitichivala ayi, amayi. Woyang'anira zovala angochiyeza, achijambule, telala asoke china chofanana nacho. Tsiku limodzi basi."

"Dothi la pamanda silinaume, iwe wayamba kale kuwasandutsa chilombo?"

Anayang'ana chikhothicho kanthawi, kenako anayang'ana wotchi. Anasiya mulu wa mapepala patebulo, akuti ndiwerenge nkhani yake ndimvetse. Tiyi sanamalize.

Lachitatu, 5 Juni

Ndawerenga. Chodabwitsa, mabuku abwino akundikana koma zinyalala izi zalowa bwinobwino. Kani mkwiyo umathandiza maso.

Nkhani yake: kamnyamata kamakhala ndi mayi ake m'nyumba ya kumapeto kwa msewu. Kuseri kwa chitseko kuli chikhothi. Usiku chimatsika pa msomali n'kutuluka, mopanda munthu m'kati, m'mawa chimapezeka chabwerera chitanyowa. Ana a m'deralo ayamba kusowa. Pansi pa bedi pali khomo lopita ku dziko la mdima kumene kuli zilombo zina, cha mano pa zikhatho, cha maso kumsana, china chokhala m'paipi ya kubafa. Pomaliza kamnyamata kathira chikhothi mafuta n'kuchiotcha, icho chikulira ngati nkhumba.

Nkhani zoopsa ndawerenga zambiri pa moyo wanga, zina zolembedwa ndi anthu amene anaonadi zoopsa ndi maso awo. Oterowo sakuwa. Amangokuuza kuti patebulo panali mbale imodzi yowonjezera, iwe n'kuchita tsembwe thupi lonse. Koma kwa Bwana Kanema, B.K. mwachidule, tsamba lililonse chitseko chikulira, babu likuthima, mphaka akudumpha. Mphakayo wamudumphitsa mpaka ndinayamba kumumvera chisoni. Kamnyamata kamalankhula ngati mphunzitsi wopuma pantchito. Mayi wa m'nkhaniyo ntchito yake ndi kudula anyezi ndi kunena kuti "Gona." Zikomo kwambiri, mwananga. Bambo mulibemo.

Munthu amene akufuna kumuotchera chikhothi chakeyu ankatulutsa akangaude m'nyumba ndi kapu kuti asawaphe. Mwanayu sanamumenyepo ngakhale ndi udzu. Ankabwera m'mawa kuchokera ku makina, maso ali psuu, n'kumuperekeza kaye kusukulu asanagone.

Ndinalemba zolakwika m'mbali mwa masamba ndi pensulo. Chizolowezi. Kenako ndafufuta.

Lachinayi, 6 Juni

Masana ndinadzipeza ndikutseka kabati mwakachetechete, supuni ndikuiika pa nsalu kuti isalire. Zaka zonse zija nyumba ino masana inkayenda chonyang'ama. Wailesi pansipansi, makatani otseka, ana a eni ndikuwathamangitsa pawindo chifukwa muno muli munthu wagwira ntchito usiku. Atapuma pantchito tinasiya. Thupi lakumbuka lero, pamene palibe womusokoneza tulo.

Ndinamenyetsa chitseko cha kabati dala kuti ndimve. Sindinamve bwino.

Lachisanu, 7 Juni

Mng'ono wanga pa foni. Ndinamufotokozera zonse ndikuyembekeza kuti andithandiza kukwiya. Iye kuseka. Akuti filimu ya mwanayu yapita ija anakaionera, anagona pakati, anadzuka anthu akuwomba m'manja nayenso anawomba. Akuti ana a masiku ano amalirira mu kamera, tiwasiye.

Kenako anasintha mawu. "Achemwali, inu mwataya mwamuna, koma ujeni uja wataya bambo. Chikhothicho n'chakenso."

Ndinamuuza kuti mphika ukupserera. Pamoto panalibe mphika.

Madzulo ndamutumizira B.K. uthenga: tsiku limodzi, osachichapa, osachisita, osachivala. Wayankha ndi kachithunzi ka chala chachikulu. Mwana amene ndinamuphunzitsa kuwerenga asanayambe sukulu.

Loweruka, 8 Juni

Wabwera woyang'anira zovala uja. Mayi wamfupi, wochangamuka, tepi yoyezera m'khosi, mapini kukamwa ngakhale m'nyumba ya eni. Ndamutcha Mapini. Anachitsitsa pa msomali mwaulemu ndithu, sindinganame, n'kuchitembenuza uku ndi uku. Akuti nsalu yotere siipezekanso, anayendayenda m'tauni monse ndipo anapeza yongokwanira chikhothi chimodzi. Kenako anati, "Koma ndiye mwachisunga bwino," mawu ake ngati a dokotala amene waona chotupa.

Ndinamuuza kuti ndinkachipukuta ndi bulashi Loweruka lililonse, ndipo mvula ikachinyowetsa ndinkachiumitsa pamthunzi. Ndinabwereza malamulo anga. Anati "mm, mm," mapini ali kukamwa, n'kuchikulunga m'pulasitiki.

Ndinachedwa kuchinunkhiza. Pamaso pa mlendo sindikanatha.

Lamulungu, 9 Juni

Msomali uli wokha. Pachitseko patsala chithunzithunzi chake, pamene utoto sunasuluke.

Lachiwiri, 11 Juni

Tsiku limodzi la anthu a filimu ndi lalitali. Dzulo B.K. anati mawa. Lero foni yake ikuyankhidwa ndi mtsikana wina amene akunditchula kuti "mami" ndipo akuti bwana ali pa seti. Ndinamufunsa kuti seti n'chiyani, akuti ndi pamene pali bwana.

Ndatenga malo ake kwa mtsikanayo. Anandiuza mosavuta, akuganiza kuti ndikufuna kudzaona mwana wanga akulamula anthu.

Lachinayi, 13 Juni

Ndilembe mwadongosolo.

Ndinapita ndekha. Basi mpaka kumene mafakitale amathera, kenako wapansi. Akujambulira m'chinyumba chosungiramo katundu, chopanda mawindo, masana ngati usiku. Mlonda anandilowetsa nditanena kuti ndine mayi wa bwana. M'kati nthambo paliponse, anyamata ovala zakuda akuthamanga ndi mawailesi, aliyense nkhope ngati akupulumutsa odwala. Kufunsa chimene chachitika, akuti makina otulutsa utsi akana.

Ndiye pakati pa chinyumbacho ndinapeza pabalaza panga. Makoma atatu a mapulanga opyapyala, opanda denga. Makatani ngati anga akale, wailesi ngati yathu, ngakhale mng'alu wa pamwamba pa windo aujambula ndi utoto. Kuseri kwa chitseko, msomali. Mwana uyu anakumbukira mng'alu wa pakhoma koma tsiku langa lobadwa amachita kukumbutsidwa ndi mayi ake aang'ono.

Ndinaima pamdima kuonerera pang'ono. Ankajambula chilombo cha mano pa zikhatho chikutuluka pansi pa bedi. Manja a labala pa ndodo, abambo awiri akuluakulu atagona chafufumimba akuwakankha. Kamwana kosewera kamnyamata kaja kali pabedi kakutafuna chingamu, akakaloza kamakuwa, akati basi kamapitiriza kutafuna. Dzino limodzi linagwa, onse anagwada kulisaka ndi matochi. Awa ndi anthu amene akufuna kuphunzitsa dziko lonse mantha.

Chilombo chachikulu ndinachipeza chikudya nthochi. Mwamuna wamtali ngati nsungwi, nkhope yopakidwa zakuda kuti isaoneke m'kolala, atakhala pa bokosi. Anaimirira n'kundipatsa moni ndi manja awiri. Nsungwi ameneyu anandiuza monyadira kuti wakhala akuphunzira kuyenda ngati chovala chopanda munthu m'kati. Ndinamuuza kuti apitirize, mphatsoyo ikuoneka kuti ndi yobadwa nayo. Anathokoza.

Mapini anali kuseri, pakati pa zovala zopachikidwa. Atandiona anasangalala. Anandikoka dzanja kuti ndikaone.

Zikhothi ziwiri pa mahang'ala, moyandikana. Zonse ziwiri zothothoka m'mapewa, zong'ambika m'munsi, zamathothomathotho ngati zatoledwa m'ngalande. Mabatani ena palibe. Zonse ziwiri zopendekera kumanzere.

Ndinafunsa kuti cha abambo ake chili kuti.

Anafotokoza mosangalala, ngati akundiphunzitsa kuphika keke. Akuti pa filimu chovala chilichonse chimafunika ziwiri, china chikanyowa kapena kupsa chinzake chilowe m'malo, ndipo ziyenera kufanana ndendende. Chatsopano chija anachikalambitsa, ndiyo ntchito yake: bulashi ya waya, sandipepala, kuchiviika mu tiyi wakuda, kuchizunguza m'makina ochapira pamodzi ndi miyala. Atayesa pa kamera, chopanga chinaoneka chenicheni, koma chenicheni chinaoneka ngati chogula dzulo. Bwana anayang'ana n'kunena kuti zifanane. Ndiye anazifananitsa. Ngakhale chizindikiro cha fakitale cha pakhosi anachidula, akuti pa filimu sichiloledwa.

"Ndinaika kapepala pa chanucho, koma kanasungunuka m'makina. Panopa ngakhale ine sindingasiyanitse. Onani nokha, mayi."

Ankadikira kuti ndimuyamikire.

Manyazi ndinawaiwala. Ndinagwira choyamba n'kuika mphuno pa kolala. Sopo, tiyi, guluu. Chachiwiri. Sopo, tiyi, guluu. Ndinabwerera ku choyamba. Ndinanunkhiza m'khwapa, m'mikono, kumsana, ngati galu wa apolisi, anthu ovala zakuda aja ataima chete kundiyang'ana. Mapini anachotsa mapini kukamwa.

B.K. anabwera akuthamanga, zomvera za m'makutu zili m'khosi. Anayamba, "Amayi, ine ndinangoti..." Sindinamulole amalize. Sindinakuwe, kukuwa sindikudziwa. Ndinangomupempha kuti andilozere cha bambo ake. Anayang'ana ichi, anayang'ana icho. Sanaloze.

Ndinabwerako chimanjamanja. Ndikanatenga chiti?

Lachisanu, 14 Juni

Ndasaka nyumba yonse. Pilo, mlamu anachapa. Bulangeti, anachapa. M'kabati mukununkha mankhwala a njenjete. Ndinagula nyuzipepala pakona n'kuinunkhiza ndili chiimire mumsewu, wogulitsa anandifunsa ngati ndili bwinobwino. Inki ya masiku ano ilibe fungo.

Timaswiti tija ndagula paketi. Ndi timaswiti chabe.

Loweruka, 15 Juni

Foni yalira tsiku lonse. Sindinayankhe. Madzulo B.K. wadzera kwa mayi ake aang'ono, monga ankachitira ali mwana akaswa kapu. Uthenga wake: Lachinayi likubwerali ajambula zootcha chikhothi. Chachitatu sangasoke, nsalu kulibe. Mathero sangasinthe, akuti filimu yonse yatsamira pa motowo. Ndiye chimodzi chipsa basi. Abweretsa zonse ziwiri Lachitatu kuti ndisankhe chotsala.

Taonani ulemu wake. Wosankha ndikhale ine, kuti chikapsa cha abambo ake wochiotcha ndikhale ine.

Ndinamuuza mng'ono wanga kuti amuuze aotche zonse ziwiri, ndi makoma ake a mapulanga omwe, ndi manja a labala. Mphaka yekha amusiye. Iye anati, "Mukunama, achemwali." Ndinkanamadi.

Akuti mwanayo sakugona, tsopano akujambula usiku wokhawokha, mawu ake asasa ngati a bambo ake. Ndinati ndi utsi wa makina aja, kani anakonzedwa.

Lamulungu, 16 Juni

M'mabuku mkazi amazindikira mwamuna wake patapita zaka zambirimbiri, munthu atasintha nkhope, chifukwa cha chipsera kapena mphete. Ndinkawerenga zimenezo ndikuti n'zosavuta. Olemba aja sanaganizepo za sandipepala.

Chong'ambika ndiye chong'ambika, fungo ndiye lapita. Koma ndi nsalu imene inawafunditsa pamvula ndi pachisanu, ndipo sindifuna ipse anthu akuwomba m'manja kuti yapsa bwino.

Lolemba, 17 Juni

Mapini anabwera yekha, wopanda mapini, atanyamula keke yogula. Anakhala pamphepete pa mpando. Akuti malamulo anga anawamva, koma kuntchito kwawo mawu a bwana ndiwo lamulo, ndipo iye ankaganiza kuti mayi ndi mwana anagwirizana kale. Akuti mayi ake atamwalira iye anasunga mpango wawo m'botolo lotseka bwino, ulipo mpaka lero, koma sanazindikire chimene wachita kufikira ataona ine ndikununkhiza. Analira. Ndinapezeka ndikumutonthoza ine, m'nyumba mwanga, pa chikhothi changa. Ndi mmene ndinabadwira, mkwiyo wanga umathera m'buku lino.

Ndinamufunsa ngati palibedi pena paliponse pamene zinasiyana. Anapukusa mutu. Msoko uliwonse wakunja, banga la inki pa mkono wamanja, batani losiyana ndi anzake lija, kupendekera komwe, zonse anakopera.

"Chilichonse chimene kamera ingaone ndinachita, mayi. Za m'kati sitivutika nazo, telala amasoka mmene amasokera."

Keke yake inali youma. Ndinadya chidutswa kuti asakhumudwe.

Lachiwiri, 18 Juni

Pokonza kuchipinda ndagwetsa buku limene abambo ake ankawerenga asanagonekedwe m'chipatala. Lonenepa, la maulendo a pamadzi, tikiti ya basi ili pamene analekezera. Ndinali ndisanalikhudze chichitikireni maliro.

Nditalinyamula ndinakumbuka. Titangokwatirana ankadandaula kuti mabuku amene ndinkawabweretsera ku laibulale sakwana m'thumba, akuti ndimasankha onenepa dala kuti azipita kuntchito atanyamula njerwa m'khwapa. Tsiku lina ndinatopa nawo. Ndinaphwasula thumba lakumanzere cham'kati n'kulikulitsa ndi nsalu ya diresi langa lakale lamaluwa. Kunja silioneka. Ankaseka kuti amayenda ndi mkazi wawo m'thumba.

Ndakhala pabedi nthawi yaitali buku lili pamiyendo. Nanga ngati miyala ya Mapini inang'amba thumbalo? Ulusi wake unali wakale kale.

Mng'ono wanga sindinamuuze. Angaulule.

Lachitatu, 19 Juni

Anafika m'mawa, kuchokera kojambula osadzera kwake, maso ali psuu, ndevu zosameta, zikhothi ziwiri pamkono. Kunja kunkawaza. Anaziyala pa sofa moyandikana n'kuima pakona ngati mwana woitanidwa kwa ahedi.

Sindinanunkhize. Ndinamuuza kuti avale chimodzi. Anazengereza, kenako anavala. Ndinatenga buku lija n'kulilowetsa m'thumba lakumanzere. Linalowa pang'ono n'kukakamira, theka lili kunja. Ndinati avule, avale chinacho.

Buku linatsetsereka lonse mpaka pansi. Chikhothi chinapendekera kumanzere, phewa lake linatsatira, ndipo iye mosadziwa anaika dzanja pamwamba pa thumbalo kuti buku lisamenye ntchafu. Ataima pakhomo paja, kuwala kuli kumbuyo kwake, anali abambo ake enieni. Ndinakhala pansi.

Anatulutsa bukulo, napisa dzanja n'kukoka nsalu yam'kati. Timaluwa ta diresi langa tikuonekabe, tofiirira ndi tiyi wa Mapini. Ndinamufotokozera. Anayang'ana timaluwato nthawi yaitali.

Pamenepo ndinamufunsa funso limene landisautsa chiwerengereni mapepala ake, lakuti bambo ake anamuchita chiyani kuti aziwaopa chonchi.

"Abambo sindinkawaopa, amayi," anatero, maso ali pa timaluwa tija. "Chikakhala pa msomali ndinkadziwa kuti ali m'nyumba, ngakhale chitseko chawo chili chotseka. Koma ndinkagona chilipo, ndikadzuka kukamwa madzi, palibe, iwonso palibe. Sindinawaonepo akutuluka. Ndinkaganiza kuti ndi chimene chimawatenga. Ndinkati ndikachiotcha azigona pakhomo ngati abambo a anzanga."

Ndinamuuza kuti akanalemba zimenezo, mmene wazineneramo, m'malo mwa mano a pa zikhatho. Anaseka kamodzi, kusekako kunasanduka china, anatembenukira kukhoma mapewa akugwedezeka m'chikhothi cha bambo ake. Ndinamusiya. Ndinapita kukatereka madzi, ndipo sindinafulumire.

Filimuyo ndikuionabe kuti ndi yachabechabe, ndamuuza ndili kukhitchini. Mphaka amuchotse. Mayi uja amupatseko mawu ena, anyezi wakwana. Akuti aganizira.

Chopanga chija chili m'pulasitiki pakhomo, mawa chikapsa. Chenicheni wachipachika yekha pa msomali, buku walibwezera m'thumba. Podutsa, mphuno inapita yokha pa kolala. Abambo ake mulibe. Muli sopo, tiyi, mvula pang'ono, ndi mafuta amene mwanayu amadzola m'tsitsi.

Pobwera ndi makapu ndinamupeza atagona pa sofa, nsapato kuphazi, kukamwa kuli yasa. Foni yake inayamba kunjenjemera patebulo, mtsikana wa "mami" uja, ndaiika pansi pa pilo kuchipinda. Ndatseka makatani, ndatsitsa wailesi. Mvula yakata, ana a nyumba yoyandikana ayamba mpira pafupi ndi windo. Ndatuluka chonyang'ama kukawauza kuti akasewerere uko, muno muli munthu wagwira ntchito usiku.